Una wa Madengu Khumi

Kalekale, inu ana, nyama zisanayambe kuthawana m'njira chifukwa cha ngongole, kunali Sakhwi ndi mkazi wake Nasimango. Akuluakulu musasunthe, nkhaniyi ikukhudzani kuposa anawa.

Sakhwi mukumudziwa, kanyama konga mbewa, ka mphuno yaitali yosakhazikika. Banjali linkakhala m'chisa cha udzu kudambo. Chaka china mvula inagwa masiku asanu osakata, madzi anasefukira, chisa chinapita. Anapulumutsa mphasa imodzi yonyowa ndi madengu awiri a mtedza wambewu, umene Nasimango anapatsidwa ndi mayi ake pokwatiwa.

Kumtunda kunali chulu chachikulu, mwini wake Njiri. Chulucho chinali ndi mauna ambiri, ouma, ofunda. Njiri sanakumbepo ngakhale umodzi. Anangowapeza, nagona pakhomo, nati ndi ake.

"Una uwu ndi madengu khumi a mtedza wosenda," anatero Njiri.

"Khumi!" Sakhwi mphuno njenjenje. "Tiwapeza kuti, bwana?"

"Ndani wanena za lero? Lowani, muzilipira pang'onopang'ono. Mbale imodzi pamwezi. Imodzi yokha! Kambale aka."

Anaitulutsa. Inalidi yaing'ono, moti mbale zisanu ndi imodzi ndizo zinkadzaza dengu.

"Kungoti ngongole imabereka," anapitiriza Njiri, "paja mtedza ndi mbewu. Madengu asanu aliwonse amabala dengu limodzi pachaka. Koma zimenezo musavutike nazo mutu, ndi zanga. Inu muzingokumbuka kambale. Ndipo madengu anu awiri aja abwere kuno, akhale chikole. Mukadzamaliza mudzatenga."

Sakhwi anafunsa funso limodzi lokha: "Imodzi basi pamwezi?" Atamva kuti inde, anavina. Zoti zidzatha liti sanafunse. Nasimango analira mtedza wa mayi ake, koma mitambo inali itadanso. Mnansi wawo Mfuko ndiye anawasenzera madenguwo mpaka pakhomo pa Njiri.

Mwezi ukaoneka, mbale. Mwezi ukaoneka, mbale. Chaka cha dzombe, mbale. Chaka cha chilala iwo anadya mizu, koma mbale inapita yodzaza. Sakhwi akabwerako kokapereka ankaponya khoko limodzi la mtedza m'chibade, kho! n'kunena kuti, "Tayandikira, Nasimango." Anatero zaka khumi ndi ziwiri. Tsiku lina anabwerako, naponya khoko, nagona pamphasa. Sanadzukenso.

Kumanda, mkulu wa adzukulu anali Mfuko yemwe uja. Atamaliza kukwirira anasasa dothi m'manja, nalengeza monga mwa mwambo.

"Tamverani nonse. Ngati alipo amene malemu anakongola kwa iye, kapena amene iye anakongola kwa malemu, aimirire pano poyera. Tisadzamve m'njira."

Njiri anaimirira akutafunabe, pakuti chakudya cha pamaliro anachiyamba m'mawa.

"Pepani anamfedwa. Malemu anali munthu wabwino zedi, sanaphonyepo mwezi. Atsala ndi madengu khumi."

Nasimango anatukula mutu.

"Khumi? Khumi si oyamba aja?"

"Omwewo, mayi. Ali bwinobwino."

"Nanga mbale zonse zija?"

"Zija zinali za ana. Madengu khumi amabala awiri pachaka, inu mumapereka awiri pachaka. Mumachotsa ana okha, make ali chikhalire." Anameza. "Ndiye musankhe. Khumiwo nthawi imodzi, kapena tipangane chatsopano, kapena mutuluke mvula isanagwe. Alipo ena akufuna malowo."

"A Njiri, dothi silinaume pamandapa," anatero Mfuko. "Nkhaniyi tidzaikamba tsiku lometa. Kwatsala masiku atatu."

Masiku atatu amenewo Nasimango sanakhale pansi. Anasesa una, nausesanso. Anatuluka kukayang'ana mitambo, nalowa, natulukanso. Akapinda mphasa ya mwamuna wake, ankaiyalanso. Yakaliyakali, khomo ndi kuchipinda, khomo ndi kuchipinda, mphuno njenjenje. Amayi odzamukhazika anatopa naye.

"Khalani pansi, anamfedwa, mugwa."

"Ndikhale pansi pa yani?"

Tsiku lachiwiri, m'kuyendayenda komweko, anapunthwa pa chibade chija. Makoko balala! Anagwada kuti atole, koma dzanja linayamba lokha kuwaunjika asanu ndi limodzi, asanu ndi limodzi, mulu uliwonse dengu. Atamaliza anawerenga milu. Makumi awiri ndi inayi. Anaiphwasula, nayambiranso. Makumi awiri ndi inayi. Kachitatu, chimodzimodzi.

Anayang'ana mphasa.

"A Sakhwi, tinagula nyumba ziwiri ndi khonde la yachitatu. Ndipo ngakhale chitseko si chathu."

Anadzuka nayambanso yakaliyakali.

Masana kunabwera Mfuko ndi mbatata ziwiri za anamfedwa. Polowa anawerama, nabuula.

"Mayo, msana wangawu! Unayamba tsiku lija ndinakusenzerani madengu opita kwa Njiri. Mtedza wa mayi anu unali wolemera ngati miyala."

Nasimango anaima. Mphuno yake, imene sinapumepo chibadwire, inangoti duu.

"Alamu, madenguwo anali angati?"

"Awiri. Msana wanga ndi mboni."

"Anabwerera?"

"Abwerere kuti? Si chikole?"

Nasimango anatola makoko awiri, nawaika paokha. Anawayang'ana nthawi yaitali. Kenako anati, "Alamu, makutu anu akumva bwino masiku ano?"

"Kwambiri."

"Mawa asamve."

Tsiku lometa nyama zonse zinasonkhana pasiwa. Njiri anafika atanyamula mbale yatsopano, yochepa theka poyerekeza ndi yoyamba ija, nkhope mwetumwetu.

"Mayi, usiku ndi usana ndakhala ndikukuganizirani. Ndinu wamasiye. Mbale ija yakukulirani. Taonani iyi! Kamwana ka mbale. Muzipereka aka pamwezi, zotsalazo tizingowonjezera kumbuyo, inu osamva kupweteka."

Nasimango anakhala mwaulemu, maso pansi.

"Zikomo, bwana, mtima wanu tikuudziwa tonse. Koma ine sukulu yanga ndi yochepa, mundithandize. Nditalephera kupereka chaka chino chonse, ana awiri aja apita kuti?"

"Alowa m'khola ndi make. Nawonso ayamba kubereka."

"Ana kuberekanso?"

"Mtedza ndi mtedza, mayi! Ana, zidzukulu, zidzukulutudzi!"

"Mayo ine. Nanga nditakhala zaka zinayi osapereka kanthu?"

Njiri maso anawala. Ananyambita milomo.

"Khumi asanduka makumi awiri. Zaka zinayi zilizonse ngongole yosakhudzidwa imawirikiza. Ndinawerenga kale zimenezo, sindilakwitsa ine."

"Lamuloli ndi la mtedza wanu wokha?"

"La mtedza uliwonse! Mtedza wa mwini ukakhala kwa iwe umabereka, ufune usafune."

Mfuko anaika dzanja kukhutu.

"Ati chiyani? Makutuwa adzaza dothi la kumanda."

"Ndati mtedza wa mwini ukakhala kwa iwe umabereka!"

"Umabwereka?"

"Umabereka! Zaka zinayi, kuwirikiza! Zina zinayi, kuwirikizanso! Ufune usafune!" Njiri anakuwa mpaka mbalame za mumtengo zinauluka, phaa! "Mwamva tsopano, agogo inu?"

"Ndamva," anatero Mfuko. "Onse amva. Ngakhale malemu amva."

Pamenepo Nasimango anatukula mutu, natulutsa chibade pansi pa nsalu.

"A Mfuko, kumanda munaitana anthu a mitundu iwiri. Amene malemu anakongola kwa iye anaimirira. Amene akusunga za malemu sanaimirire."

"Zoona. Alipo?"

"Ali pomwepa. A Njiri akusunga madengu athu awiri zaka khumi ndi ziwiri. Sanatibwezerepo ngakhale njere."

Anaika makoko awiri pansi, kho, kho.

"Zaka zinayi zoyamba." Anawonjezera awiri. "Anayi. Zinayi zachiwiri." Anawonjezera anayi. "Asanu ndi atatu. Zinayi zachitatu." Kho, kho, kho, mpaka mzere unafika pamapazi a Njiri. "Khumi, asanu ndi limodzi. Ndalakwitsa, bwana? Paja inu simulakwitsa."

Njiri anasunthira m'mbuyo.

Nasimango anawerenga makoko khumi, nawakankhira kwa iye.

"Awa ndi a una. Tamaliza. Atsala asanu ndi limodziwa, ndi anga."

"Chikole sichibereka!" anakuwa Njiri.

"Chifukwa? Unali wokazinga?"

"Unali wambewu," anatero Mfuko. "Wamoyo. Ndinausenza ndine."

"Koma, koma chikole chimangokhala! Chimagona!"

"Chabwino, kachidzutseni," anatero Nasimango. "Mubwere nacho tichione chili chigonere."

Njiri anayang'ana kumwamba. Anayang'ana pansi. Anakanda njerewere za kumaso kwake.

"Ndinadya."

"Liti?"

"Tsiku lomwelo."

"Eee!" anafuula Gologolo ali pamwamba pa nthambi. "Ndiye waberekera m'mimbamo! Ife kumati ndi kudalitsika, osadziwa kuti ndi nkhokwe ya amayiwa!"

Anthu anaseka, pasiwa pomwepo, mpaka amayi ena anabisa nkhope m'nsalu. Ndipo m'kusekamo Mbira anaimirira pang'onopang'ono.

"Ine ndinasiya madengu atatu. Papita zaka zisanu ndi zitatu."

"Ine limodzi," anatero Gologolo, "koma ndi zaka makumi awiri. Mayi, tabwerekeni makokowo."

Njiri anapinda miyendo yakutsogolo. Gwaa! Anagwada pamaso pa Nasimango.

"Mayi, mlongo wanga, mwana wa kwathu. Asanu ndi limodzi nthawi imodzi ndiwatenga kuti? Chaka chino zinthu sizili bwino."

"Ndani wanena za lero?" anatero Nasimango. Anatola kambale katsopano kaja, nakapukuta, nakaika m'manja mwake. "Aka pamwezi. Kamwana ka mbale. Zotsalazo musavutike nazo mutu, ndi zanga. Inu muzingokumbuka kambale."

Njiri anayang'ana kambale. Iye yekha pagulu lonselo ankadziwa bwino kuti kambale kameneko sikakanamaliza ngakhale ana a chaka chimodzi. Anadzambatuka, mchira njo! m'mwamba, liwiro fumbi koboo, Gologolo ndi Mbira ali pambuyo ndi makoko m'manja.

N'chifukwa chake mpaka lero Njiri amadya atagwada, mawondo anazolowera kupepesa. Ndipo polowa m'una amalowa chammbuyo, maso ali kunjira, kuona ngati kukubwera wina wa chibade.

Madzulo a tsiku limenelo mvula inayamba. Odzakhazika anali atabalalika. Nasimango anatolera makoko amene anatsala, nawabwezera m'chibade limodzilimodzi. Anayala mphasa ija pamalo pake. Kunja madzi anali waa, koma mkatimo simunadonthe paliponse. Anakhala pansi, koyamba m'masiku atatu, naika chibade pambali pake.

"Tafika, a Sakhwi," anatero.

Nthano yanga yagona pamenepa, moto nawo watsala makala. Inu ana, kaoneni mbatata zanu zisanapserere. Inu akuluakulu, wina akadzakuonetsani kambale kakang'ono, musavine msanga. Mufunse kuti kadzapita kangati.