Brena Woweta Nkhumba ndi Gorumu wa Mitu Itatu

Kalekale, kutsidya kwa nyanja zamchere, kunali chilumba cha nkhungu komwe mvula inkagwa ngati ilibe kwawo. Pachilumbapo panali bwalo la miyala italiitali yoimikidwa mozungulira, ndipo oyang'anira bwalolo anali ansembe a mikanjo yoyera otchedwa Adruwidi. Iwowa nzeru zawo sankalemba, ankangoloweza pamtima zaka makumi awiri. Lamulo la pabwalopo linali limodzi: pozungulira miyala uzitsata kumene dzuwa limayendera, osatsutsana nalo.

Kadoki, mnyamata wophunzira unsembe, lamuloli ankalidziwa bwino. Koma tsiku lina anadzuka dzuwa litakwera, ndipo poopa kuchedwa kumaphunziro anadulira mbali yoletsedwa ija. Fulumira anadya gaga! Nthaka inang'ambika, chidzanja chaubweya chinamugwira mwendo, pabwalo n'kutsala nsapato imodzi yokha.

"Ameneyo ndi Gorumu, chimphona cha mitu itatu," anatero Movani, mkulu wa ansembe. "Akagwira munthu amamunenepetsa masiku atatu, lachinayi n'kumudya."

Ankhondo a pachilumbapo anayang'ana mikondo yawo, kenako anayang'ana pansi. Wina anakumbukira mwadzidzidzi kuti bondo limamuvuta.

Amene anaimirira anali Brena, mlongo wake wa Kadoki, mtsikana woweta nkhumba yemwe anthu ankamukumbukira pokhapokha nkhumba zikalowa m'munda. Mtima unkamuwawa koopsa, pakuti makolo awo anamwalira kale, ndipo m'bale wake padziko anali yekhayo.

"Agogo, ine ndipita kukawatenga achimwene."

"Iwe mwana, ndi mkondo uti?"

"Mkondo ndilibe. Koma poweta kuseri kwa mitengo yathundu ndimamva zonse zimene mumaphunzitsa. Si paja mumati nyimbo yonyoza imatulutsa zithupsa pankhope ya woimbidwayo?"

Movani anakanda pamutu. "Imaterodi, koma ikhale ya zoona zokhazokha. Ukangoikamo bodza limodzi, zithupsazo zitulukira iwe."

Brena anamanga mkate pansalu, natsikira m'mng'alu muja. Anayenda masiku awiri m'dziko la pansi, mpaka anapeza khwangwala atakhala pamwala, atatseka njira.

"Chilape!" anatero khwangwala.

"Nachize!"

"Abale anga akhala pagule zaka chikwi, koma palibe anasunthapo phazi."

"Ndi miyala ya pabwalo lathu," anayankha Brena, namunyemerako mkate.

Khwangwala anameza, nayamba miseche, poti kwa iye miseche inali ngati ndiwo. "Mutu wakumanja wa Gorumu umaopa achule. Wapakati umayamwa chala ukamagona. Za wakumanzere sindidziwa kanthu, ukadzionere wekha."

Tsiku lachitatu Brena anafika pakhomo pa Gorumu. Pambali panali khola lodzaza nkhumba zonenepa, koma maso a woweta sanamizika. Nkhumba zanji zosadziwa kufukula? Imodzi inkayenda monyang'ama kupewa matope, milomo ikugwedezeka ngati ikuloweza phunziro.

"Achimwene!" ananong'ona Brena. Nkhumba ija inagwetsa misozi, iyenso misozi inalengeza.

Pomwepo pansi panagwedezeka. Gorumu anatulukira, mitu itatu ikununkhiza uku ndi uku.

"Ndiwo zabwera zokha!" unakuwa mutu wapakati.

"Pepani, bambo, ine ndine woimba," anatero Brena. "Mwambo mukuudziwa: woimba akafika pakhomo amayamba wadya, kenako n'kuimba. Asanaimbe sakhudzidwa."

Gorumu anang'ung'udza, koma mwambo umenewu ngakhale zimphona zinkauopa. Onse awiri anakhala pansi kuti adye. Brena ankangotafuna mkate wake, akusinkhasinkha, popeza za mutu wachitatu analibe choimba. Ndiye anaona chinthu. Mitu iwiri ikatembenuka kukangana, dzanja lamanzere linkatola nyama yonona n'kuiponya m'kamwa mwa mutu wakumanzere, womwe unkaibisa m'tsaya uli phee ngati wosalakwa.

Brena anaimirira, naomba m'manja, nayamba:

"Gorumu ngwazi, wogwedeza mapiri,
chule akati ng'oo, wakumanja athawa!"

Zithupsa zinati tutuwi pamutu wakumanja. Mitu iwiri inayo inaseka mpaka kutsamwa.

"Gorumu ngwazi, wodya ankhondo,
tulo tikabwera, wapakati ayamwa chala!"

Mutu wapakati unatupa ngati dzungu. Wakumanzere unafuna kuseka, koma m'kamwa munali modzaza.

"Gorumu ngwazi, mimba ndi imodzi,
koma mafuta onse ali m'tsaya la kumanzere!"

"Chiyani? Tatsegula pakamwa!" inalusa mitu iwiri ija. Nyama yonona inagwa pansi, umboni poyera. Mitu inalumana, inagundana, zithupsa zikukulirakulira, mpaka kunamveka phuu! phuu! phuu! Gorumu anagwa chagada n'kusanduka mulu wa miyala.

M'khola muja nkhumba zinayamba kuimirira ndi miyendo iwiri. Uyu msodzi, uyu wosula mkuwa, uyo mayi amene kwawo anali atayamba kale kumulira maliro. Kadoki anakumbatira mlongo wake, matope ali thupi lonse, ndipo Brena sanasamale za fungo.

Atatulukira pabwalo, chilumba chonse chinasonkhana. Movani anaveka Brena mkanjo woyera pamaso pa onse, nalengeza kuti kuyambira tsikulo aziphunzira atakhala kutsogolo. Wa bondo uja anavina kuposa aliyense.

Paphwando, monga mwa mwambo wawo, ntchafu ya nkhumba yowotcha inkaperekedwa kwa ngwazi yoposa onse. Anaiika pamaso pa Brena, ikuchucha mafuta. Iye anatenga mpeni, kenako anaona kuti Kadoki watuwa, thukuta lili kamukamu.

"Bwanji achimwene? Ndisadye?"

Kadoki anayang'anitsitsa ntchafu ija.

"Idya, mlongo wanga, ndi yakodi imeneyo. Koma tandiuza zoona: asanaiphe, alipo amene anaifunsa dzina?"