Mboni yomwe inali ku Zobue

Pamalire a Mwanza panalibe wosawadziwa a Doris, mayi wogulitsa zitenje m'kashopu koyandikana ndi poima mathiraki. Pakamwa pokha Mulungu anawapatsa mosaumira. Chitenje chofwifwa ankachiyamikira mpaka wogula n'kupempha ziwiri, ndipo pamsika pakabuka mkangano, mawu omaliza ankakhala awo. M'shopumo ankagwira ntchito ndi Liness, mwana wa mchimwene wawo wa kwa Kanduku, mtsikana wa zaka makumi awiri ndi ziwiri, wosachuluka zonena.

Lachinayi lina a Doris anawoloka malire m'mawa kukapikula katundu ku Zobue. Pobwera, dzuwa litapendeka, anapeza shopu yotseka, Liness ali kuchipinda chakumbuyo, diresi itang'ambika, akunjenjemera. Iye anawauza kuti Matthew, ejenti wokonzera madalaivala mapepala a katundu, yemwe ofesi yake inali khomo lotsatira, anamugwirira masana omwewo. A Doris sanazengereze. Kupolisi ndi kuchipatala anafikako tsiku lomwelo, ndipo pamenepa palibe angawanene.

Pomwe anaipitsa ndi pokonzekera umboni.

"Azakhali, mukangonena zomwe munapeza mutabwera," Liness anawapempha.

"Iwe khoti sulidziwa," anatero a Doris. "Mawu a mkazi yekha amawapeputsa. Pamafunika woona ndi maso, ndipo woonayo ndine."

"Komatu inu munali ku Zobue."

"Za ku Zobue akafunse ndani?"

Pamaso pa majisitireti, Liness anafotokoza zake motsitsa mawu, osapotoza kanthu. Kenaka a Doris anagwira Baibulo, n'kulumbira kuti cha m'ma thuu koloko anamuona Matthew ndi maso awo akutuluka m'chipindamo, akumanga lamba. Anatchula ngakhale mtundu wa malaya. Matthew analibe loya, ndipo timafunso take anatimeza a Doris tisanathe n'komwe. Majisitireti analemba kuti umboni wa mayiyu ndiwo wachotsa chikaiko chonse, n'kugamula kuti Matthew akakhale kundende zaka khumi ndi zinayi.

Akanangokhala chete, mwina nkhani ikanathera pomwepo. Koma kodi a Doris n'kukhala chete? Pamsika, m'minibasi, ngakhale pamaliro, nyimbo inali imodzi: "Ndamumangitsa ndine uja." Tsiku lina, nkhani itakoma pakati pa amayi anzawo a geni, anafika poulula okha akuseka kuti mboni yochenjera imaona ngakhale ili kutsidya kwa malire. Amayi anaseka nawo, koma mmodzi mwa iwo anali mlamu wa Matthew.

Abale a Matthew anapeza loya, n'kuchita apilo ku Khoti Lalikulu ku Blantyre. Loyayo sanalimbane ndi Liness ayi. Anangopempha khoti kuti lilole umboni watsopano, kaundula wa owoloka pamalire, ndipo khoti linalola. M'kaundulamo munali dzina la a Doris: anatuluka m'dziko naini koloko m'mawa, anabwerera itadutsa folo koloko madzulo. Ataitanidwa kuti afotokoze, mayi wosasowa chonena uja anayamba kunena kuti mwina wotchi ndi yomwe inawasokoneza. Zinali zomvetsa manyazi.

Jaji analankhula modekha. "Mawu a wodandaula yekha akhoza kukwanira, khoti likawayeza n'kuwapeza olimba. Koma khoti loyamba linalemba lokha kuti latsamira pa mboni yoona ndi maso, ndipo mboniyo inali kunja kwa dziko. Sitingasiye munthu kundende pachigamulo choimira pa bodza." Anafafaniza chigamulocho, n'kulamula kuti mlandu uyambirenso pamaso pa majisitireti wina. Matthew anamupatsa belo. Za a Doris anazipereka kupolisi, chifukwa kunama utalumbira ndi mlandu paokha.

Chopweteka n'chakuti choonadi chomwe a Doris anali nacho chinali chamtengo: diresi yong'ambika, kunjenjemera kuja, dzina lomwe Liness anatchula asanafunsidwe ndi wina aliyense. Tsopano ngakhale zimenezo palibe akanazikhulupirira zikachoka pakamwa pawo.

Ali panja pa khoti, a Doris anagwira Liness padzanja. "Ndimafuna kukuthandiza, mwanangu."

"Ndikudziwa, azakhali," anayankha Liness, misozi ili m'maso. "Koma zanga zinali zoona zokhazokha. Tsopano ndikaimenso pagulu, ndikafotokoze kachiwiri zomwe ndakhala ndikulimbana nazo kuti ndiiwale, ndipo aliyense azikaganiza kuti bodza ndinaphunzira kwa inu."

Lolemba lotsatira Matthew anatsekula ofesi yake, khomo lotsatira lomwe lija. Liness analongedza zovala zake n'kubwerera kwa Kanduku kukadikirira tsiku la mlandu. A Doris anatsala okha m'shopu, akudikirira tsiku la mlandu wawo.

Akuluakulu sananame: kunena kwa ndithendithe, nanthambwe anadzitengera.