Sigele ndi Chigayo cha Zaka

Bambo Mtambalika adatsuka mabotolo mu labotale ya sekondale mpaka kupuma ntchito. Atapuma, adadzitsekera m'kachipinda kakuseri ndi mawaya, magalasi ndi tcheni cha njinga, mpaka adapanga chigayo cha nthawi. Chinali ndi kamwa pamwamba, chitoliro pansi, chopukusira pambali. Ukaikamo dzira n'kupukusira kumanja, kunkatuluka nkhuku. Ukathiramo mkaka wosasa n'kupukusira kumanzere, unkatuluka wofunda ngati wangokamidwa kumene. Lamulo linali limodzi basi: osachipukusa chopanda kanthu, chifukwa chikasowa chogaya chimalira, ndipo kulira kwake kumamveka kutali.

Mwana wawo wamkulu, Lufeyo, ankafuna ndevu msanga. Tsiku lina masana, bambo ali kumsika, adayandikitsa chibwano n'kupukusa chopanda kanthu. Ndevu sizidamere. Chimene chidabwera ndi Chimezazaka, chilombo cha mitu isanu ndi iwiri. Chidasasula denga, chigayo kukhwapa ili, Lufeyo kukhwapa linalo, ulendo kuphiri.

Amuna a m'mudzi adanola nkhwangwa, adanolanso, koma wonyamuka padalibe. Amene adanyamuka ndi Sigele, mlongo wake wa Lufeyo, kamtsikana kamene ntchito yake inali kutumidwa kuchigayo cha chimanga n'kubwerako kali mbuu. Adatenga ndodo yake, lichero, ndi thadzi lija bambo ankayesera makina. Thadzilo lidakhalapo dzira kakhumi konse, choncho linkayankhula ndipo njira za dzulo linkazikumbukira. Lidati limulondolera akamalipatsa mapira odzaza manja awiri patsiku. Sigele adati dzanja limodzi, likakana libwerere. Lidavomera monyinyirika.

Kuphanga la chilombocho adapeza anthu ali pamzere, onse aimvi. Chimezazaka chinkawaimika pakamwa pa chigayo, zaka zawo n'kumatuluka kuchitoliro ngati ufa, icho n'kumabwira. Kankhalamba kena kopanda mano kadamuitana ndi dzina. Sigele adakazindikira ndi chipsera cha pachibwano: anali Lufeyo. Thadzi lidanong'ona kuti zaka zamutsalira ziwiri zokha, chikamugayanso kamodzi ndi maliro.

Mutu waukulu udati mlendo aliyense amayamba wayankha mwambi, akalephera amalowa pamzere. Udafunsa kuti n'chiyani chimene aliyense amataya koma palibe amachitola.

"Tsiku," adatero Sigele. "Ndipo wotaya kwambiri ndinu, agogo. Chigayochi mudachigogodapo liti?"

Mitu idayang'anizana. Umodzi udafunsa kuti kugogoda n'kutani. Sigele sadafotokoze. Wamkazi aliyense wopita kuchigayo amadziwa kuti makina akazima, ufa wambiri umatsalira m'chitoliro, ndipo suchokapo usanachimenye ndi ndodo. Koma chilombo chidapitako liti kuchigayo? Iye adangoti achikonza, malipiro ake akhale zotsalira za m'chitoliro.

Chimezazaka chidati theka. Sigele adati zonse. Chidati theka ndi basela. Sigele adanyamula lichero lake n'kuyamba kutuluka, osacheuka. Mitu inayi idamuitana kuti abwerere, atenge zonse, ndi fumbi lachabechabe lomwe.

Adatchera lichero, n'kumenya chitoliro. Go! Go! Go! Zaka zidakhuthuka, zoyera, zofiira, zina zonunkhira mvula yoyamba, mpaka lichero lidasefukira. Sigele adanyambita pang'ono chala kuti amve kukoma kwake, ndipo adakumbukira ukwati wa munthu wosamudziwa.

Chilombo maso adatuluka. Chidati ngati m'chitoliro munali zonsezi, ndiye m'kati muli nkhokwe. Chidakankha Sigele n'kulowetsa mitu yonse m'kamwa mwa chigayo, ikulumana kulimbirana malo.

Sigele adagwira chopukusira n'kupukusira kumanzere.

Mutu wachisanu ndi chiwiri udafota n'kubwerera m'phewa. Wachisanu ndi chimodzi udatsatira. Mkono udamuwawa koma sadaleke. Chilombo chidachepa ngati ng'ombe, ngati galu, ngati buluzi wa mutu umodzi, ndipo zaka zonse chidabwira zinkatuluka kuchitoliro. Pomaliza padagwa kadzira kofewa. Thadzi lidakajompha n'kumeza, lidati kakusowa mchere.

Ndiye Sigele adakhala pansi kugawa. Aliyense ankanunkhiza muluwo n'kuzindikira zake, ndipo wofuna kutapa za mnzake ankalandira ndodo padzanja. Lufeyo adabwira zake, mano adamera, imvi zidathothoka. Atagwira chibwano n'kupeza kuli see, adapempha kuti amuwonjezere ziwiri zokha.

"Achimwene, ndevu mudali nazo m'mawa uno, zoyera bwino. Simudazikonde. Senzani chigayo tizipita."

Kumudzi amuna aja adasiya kunola nkhwangwa, amayi adalulutira kuyambira kudambo mpaka pakhomo. Bambo Mtambalika adakhoma denga latsopano, adagula loko, kiyi n'kumumangirira Sigele m'khosi. Adamufunsanso kuti awaonetse pomenya ndodo, poti eni ake opanga sankadziwa.

Lufeyo ndevu adazidikira zaka zinayi, monga amachitira anzake onse. Yathera pamenepo, kagwireni ntchito.