Timba m'Khola la Adruidi

Chaka china, m'nyengo yachisanu imene dzuwa limachedwa kutuluka n'kufulumira kulowa, Timba anagwidwa pachilumba chimene lero timachitcha Ireland. Inamugwiritsa ndi njala. Chipale chofewa chinali chitakwirira nthaka, tizilombo tonse titabisala, ndipo ataona nyenyeswa za mkate pansi pa dengu lovundikira, analowa. Dengu linagwa.

Amene anatchera anali Olkan, mmodzi wa ansembe a kumeneko otchedwa adruidi. Za ansembewa anthu amakokomeza zambiri, koma nkhani ino imangoti ankaombeza ndi mbalame. Olkan anaika Timba m'kakhola koluka ndi nthambi za msondodzi, n'kukapachika pamtengo wozika pakati pa bwalo la miyala italiitali, yoimikidwa mozungulira ndi anthu akale amene ngakhale adruidiwo sankawadziwa. M'mawa uliwonse ankabwera kudzaona kumene Timba wayang'ana polira. Akayang'ana kumpoto ndiye kuti kukubwera adani, kum'mwera wakuba, kumadzulo nyama ya alenje. Mwambo unali wakuti pa phwando la kubwerera kwa dzuwa mbalameyo ankaipha, ndipo phwandolo silinali kutali.

Timba anajompha nthambi za kholalo mpaka mlomo unachita kuwawa. Sizinathyoke.

Ndiye anaona Nkhandwe akuzungulirazungulira kuseri kwa miyala, maso ali pa nyama yansembe imene anthu ankaika pamwala wathyathyathya. Sankayandikira chifukwa pabwalopo sipankasowa munthu wa mkondo. Timba anamuitana, namuuza kuti iye angathe kuchotsa anthu onsewo ndi kamawu kamodzi, malinga Nkhandwe akatha kudya adumphe n'kudula chingwe cha khola, kuti ligwe lisweke.

"Kamlomo kako n'kakang'ono, koma kamalankhula zanzeru," anatero Nkhandwe.

M'mawa mwake Timba anayang'ana kumpoto n'kulira mwamphamvu. Olkan anakuwa, amuna anathamangira kumpoto ndi mikondo, ndipo Nkhandwe anadya nyama yonse, n'kunyambita mwalawo.

"Malume, nanga chingwe chija?"

Nkhandwe anayankha kuti m'mimba mwalemera, sangadumphe, komanso mbalame yothandiza chonchi ndi bwino ikhale pomwe akuidziwa.

Amuna aja anabwerako madzulo atazizidwa, osaona mdani ngakhale mmodzi. Anapeza nsembe palibe. Ananena pamaso pa Olkan kuti mbalame yake ndi yabodza, aipotokole khosi osadikira phwando. Olkan anapempha kuti ailole ilire kamodzinso.

Timba anaona kuti wadzifupikitsira yekha masiku. Nkhandwe atabwera kudzafunsa za nyama ina, Timba sanaonetse mkwiyo. Anamuuza kuti nyama ya pamwala ndi yochepa kwa munthu wamkulu ngati malume ake. Kum'mwera kwa mudzi kuli khola la atsekwe, ndipo iye akalira choyang'ana kumpoto ngati dzulo, kumeneko sikukhala munthu. Nkhandwe anayamika, n'kumutchula mphwake wokondedwa.

Kutacha Timba analira atayang'ana kum'mwera. Anthu anapeza Nkhandwe mutu uli m'khola la atsekwe, ndipo pofika masana chikopa chake chinali chitayanikidwa pamwala wina wa bwalolo. Olkan anabweretsera Timba mphutsi zonona za m'chipika chowola. Timba anadya, koma sanaiwale kuti kunenepa sikutsegula chitseko.

Phwando litatsala pang'ono, Nguluwe anadutsa cha kumadzulo kwa bwalo akufukula mizu, pa nthawi imene anthu anali kumudzi kukonza mowa. Timba anamulonjera mwaulemu, namuuza kuti adruidi anakwirira mtedza wa m'nkhalango patsinde pa mtengo wa kholalo, wodzaza dengu. Nguluwe sanafunse zambiri. Anayamba kukumba, dothi louma ndi chisanu likuuluka, ndipo mtengo unayamba kupendekeka. Timba ankamulimbikitsa kuti akumbe mozama, mtedza uli pafupi.

"Ndikaupeza ndidya," anatero Nguluwe ali chiweramire. "Ndikapanda kuupeza ndidya iwe. Ine sindisankha."

"Agogo, ine ndi nthenga zokhazokha."

"Nthenganso ndimadya."

Mtengo unapendekeranso, khola n'kutsika kufika pamwamba pa msana wa Nguluwe. Timba anaona kuti likagwa ligwera pakati pa mano aja, ndipo sadzapeza mpata ngakhale wotambasula phiko. Apa sanakonze chinyengo chilichonse. Anangolira ndi mantha, ndipo zinangochitika kuti anali atayang'ana kumadzulo.

Olkan anali akubwera m'njira. Atamva kulirako n'kuona kumene mbalame yayang'ana, anaitana alenje. Sanavutike kufunafuna. Nguluwe anafera pomwepo, mphuno ili m'dzenje limene anakumba yekha.

Pa tsiku la phwando anthu anadzaza bwalo, fungo la nyama ya nguluwe lili ponseponse. Olkan anatsitsa khola, n'kugwira Timba m'dzanja lake. Timba anamva chala chachikulu chili pakhosi pake, ndipo anatseka maso. Koma Olkan anauza anthu kuti mbalame imene yawaonetsa wakuba, n'kuwaitanira nyama mpaka pakati pa miyala, si yopha. Za adani a kumpoto anati mwina anamva kulirako n'kubwerera. Anthu anavomereza. Ena anati aimasule basi, koma Olkan anafunsa ngati alipo amene angataye mbalame yotere.

Mmisiri wosula anapanga khola lina, la mkuwa, lopanda chingwe choti wina adule, ndipo analikhomerera pamwala waukulu kuposa yonse, woti nguluwe singaugwedeze.

Timba sanaphedwe. Amadya mphutsi m'mawa ndi madzulo, anthu amamuweramira akamadutsa, ndipo chitseko cha khola lake sichitsegulidwa.