Khwawa Limene Gervazio Anapala ndi Lezala

Nthawi ya Chitaganya, kuseri kwa siteshoni ya sitima ku Limbe kunali kaofesi ka ojambula mapu. Amuna ogwira ntchito m'menemo anali ndi gulu lawo lachinsinsi, ankadzitcha Abale a Mzere. Lamulungu ankapita kutchalitchi ngati wina aliyense, koma pantchito ankakhulupirira kuti dziko lili ndi makutu: chimene wajambula papepala, nthaka yachimva.

Abalewo anali ndi kalendala yawoyawo, yosagwirizana ndi ya boma. Unali unyolo wakale woyezera malo, wopachikidwa pakhoma, womangidwa ulusi wamitundumitundu. Ulusi wakuda unali Mwezi wa Njira, wofiira Mwezi wa Mapiri, wabuluu Mwezi wa Mitsinje. M'mawa uliwonse mkulu wawo, a Paston, ankavula chipewa n'kusuntha kamphete pa unyolowo, onse ali chete. Lamulo lalikulu linali ili: mtsinje saujambula kapena kuufafaniza kunja kwa Mwezi wa Mitsinje, ndipo munthu ayambe waimamo yekha wosavala nsapato, mvula itagwa. Miyezi ina yonse botolo la inki yabuluu linkakhala lomata ndi phula.

Tsono panali Gervazio. Dzanja ndiye anali nalo mwamunayo, mzere wake wowongoka ngati nsungwi, koma khutu, aa, logontha! Ankakhala m'kachipinda ka lendi ku Chitawira ndi mkazi wake Cecilia, amene anali woyembekezera, ndipo mtima wake wonse unali pa nyumba yawoyawo. Anapeza malo ku Chimwankhunda, kumene masiku amenewo kunali tchire lokhalokha. Vuto linali limodzi: pa mapu akale panali kamzere kabuluu kodutsa pakati penipeni pa malowo, ndipo pamene pali khwawa chilolezo chomangira sichinkatuluka.

Anapita kukaona m'chilimwe, Mwezi wa Mapiri uli pakati. Anapeza udzu wouma ndi mbuzi. Madzi? Ngakhale dontho!

Lolemba masana a Paston anamupeza atawerama patebulo, lezala lili m'manja, akupala kamzere kaja pang'onopang'ono.

"Mayo ine! Achimwene, mukutani? Tayang'anani pakhomapo, mphete ili pa ulusi wanji?"

"Pa wofiira, bambo. Koma malowa ndawaponda ndekha, palibe khwawa. Amene anajambula kamzereka ankalota."

"Dikirani mvula, mukaimemo. Mukakapeza pouma, lezala ndikupatsani ndine."

"Mwana wanga abadwire m'chipinda cha lendi chifukwa cha ulusi? Ayi, zimenezo ndakana." Anauzira fumbi la inki lija, pepala n'kuyera mbee.

A Paston anangogwira pakamwa. Abale ena anaika zolembera pansi.

Chilolezo chinatuluka. Cecilia, mimba ili apo, anaumba njerwa ndi manja ake, kutunga madzi kutali, kuponda dothi mpaka mapazi kung'aluka. Za kamzere kaja sanauzidwe. Nyumba inaima yokongola, yofolera malata, ndipo mwana wamkazi, Esnat, anabadwiramo. Gervazio ankafika kuntchito akuimba mluzu, n'kumafunsa a Paston mwachipongwe ngati ulusi wawo wadzuka bwino.

Mphete inayenda mpaka inafika pa ulusi wabuluu. Tsiku lina masana kunagwa chimvula choti nyumba ya patsidya pa msewu osaiona. Mvulayo isanakate n'komwe, mnansi wawo Friday analowa muofesi ali chinyowere, akupumira m'mwamba.

"A Gervazio, thamangani! Mtsinje walowa m'nyumba mwanu!"

Zimene Gervazio anakapeza kumeneko zinamuumitsa thupi. Madzi ofiira anali atabowola khoma lakumbuyo n'kutulukira pakhomo, kuigawa nyumba pawiri, ndendende mmene kamzere kaja kankadutsira. Bedi, mbale, malata, zonse zapita. Gervazio analumphiramo akufuula dzina la mkazi wake, madzi n'kumuvula nsapato. Atacheuka anamuona pachulu chapafupi, matope mpaka m'chiuno, magazi pachipumi, atakumbatira khanda. Anali atalivuula likukokoloka pamodzi ndi mphasa yake yomwe.

A Paston, amene anamutsatira pa njinga, anavula chipewa. "Munalifafaniza khwawali, achimwene. Labwera kudzafunsa malo ake."

Cecilia anamva. Anayang'ana mkuluyo, kenako mwamuna wake.

"Anafafaniza chiyani? Bambo a Esnat, munkadziwa kuti pano ndi pakhwawa?"

Gervazio anayang'ana kumbali, Cecilia n'kumuyandikira.

"Ndiye ine ndimagoneka mwana mumtsinje, inu mukudziwa?"

Sanalire mayiyo, ndipo n'zimene zinaopsa onse amene analipo. Anabereka mwana kumbuyo n'kuyamba wapansi ulendo wa kwa makolo ake ku Limbe, osacheuka. Ankhoswe anayesetsa kuwayanjanitsa, koma sanabwerenso.

M'mawa wotsatira tsiku la chimvula lija, a Paston anaika botolo la inki yabuluu patsogolo pa Gervazio, phula atalimatula kale.

"Mwezi wake ndi uno, ndipo mwaimamo kale wosavala nsapato. Jambulani."

Gervazio anatenga cholembera. Anabwezera kamzere kaja pamalo pake, kukadutsitsa pakati pa kabokosi kosonyeza nyumba yake yomwe. Akuluakulu sananame: madzi saiwala khwawa.