Mvuu Amene Anakhalira Mawa

Kalekale, ana inu, ndi inunso akuluakulu mukuwodzera ukoko, masiku ankatuluka m'dzenje patsinde pa phiri, limodzilimodzi ngati inswa. Lina likalowa, lina tumphu!

Nthawi imeneyo Mvuu ankakhala kumtunda, ndipo mimba yake sinkadziwa kukhuta. Chaka china mfumu ya nyama inamwalira. Maliro atatha, nyama zinapangana kuti zipume tsiku limodzi, mawa lake zisankhe mfumu ina. Mvuu anadziwa kuti iye sangasankhidwe. Ndani angasankhe wodya ndi mbewu yomwe? Ndiye anapita padzenje paja, natembenuka, nakhalapo, dii!

Mawa anagogoda pansi, go go go, njira panalibe. Tsiku lakale lija, posowa wolilandira ntchito, linazungulira phiri n'kubweranso lomwelo.

Amene anaona zimenezi ndi Gulo yekha, ali pamwala kuothera dzuwa. Poti anaona ndi maso, iye ndi Mvuu okha ndiwo ankakumbukira. Ena onse ankadzuka mitu ili mbee, kumayesa tsiku latsopano.

Kukacha nyama zinkasonkhana. Mvuu ankatsokomola, n'kunena kuti, "Abale anga, ine si mfumu ayi. Ndangokusungirani mpando lero lokha. Mawa musankha amene mukumufuna. Mawa ndikugawirani dimba langa. Koma lero lokha, mundidyetse."

"Koma ndiye kudzichepetsa!" ankatero Nguluwe, n'kuthamangira maungu.

Mvuu kukutu kukutu. Kukacha, mawu omwewo, maungu omwewo, kukutu kukutu.

Tsono Gulo anali ndi mkazi, dzina lake Nasimango, amene anali ataikira mazira asanu mumchenga patsinde pa msuku.

"Bambo, tabwerani mumve," ankatero m'mawa. "Akugwedezeka. Mawa aswa!"

Ulendo woyamba Gulo anavina. Wachiwiri anangomwetulira. Kenaka kumwetulira komweko kunamukanika.

"Mayi, mawu amenewa munanena dzulo."

"Dzulo liti? Dzulo tinali kumaliro. Mwayambanso kachasu?"

Gulo anafotokoza zonse. Pofika masana Nasimango anakhulupirira, analira, anagwira mwamuna wake dzanja. Gulo mtima unapepuka, anati lero ndapeza mnzanga. Kutacha: "Bambo, tabwerani mumve. Mawa aswa!"

Gulo anakauza Nguluwe, Nguluwe anaseka. Anakauza Nkhwali, Nkhwali anamuuza nthabwala ija ankamuuza tsiku lililonse, n'kuseka yekha, kwe kwe kwe. Gulo anabwerera pamwala pake. Ankadziwa tsamba limene ligwe, ankadziwa ntchentche imene idutse. Mudzi uli thothotho, koma iye ngati wotsala yekha pabwinja.

Kusungulumwa n'koipa, ana inu. Kunamutengera Gulo kwa mdani wake, poti ndi yekhayo amene ankadziwa mawu akuti dzulo.

"Wawa, mwaswera bwanji?"

"Monga dzulo, iwe Gulo," anayankha Mvuu, n'kuseka mpaka phiri kugwedera. "Khala pansi ndikuphunzitse ufumu. Nyama zimakwiya ndi zadzulo, zimatonthola ndi zamawa. Ukachotsa dzulo, mlandu palibe. Ukasunga mawa, aliyense amakukonda. Mfumu yanzeru imalamulira lero lokha basi."

"Nanga mazira anga, wawa?"

"Aswa mawa."

Gulo ali chikhalire, anaona Mvuu akuluma dzungu n'kulavula, thuu!

"Dzungu lamphutsi lomwe lija!" anadandaula Mvuu. "Tsiku lililonse maungu, maungu. Pakamwa panga pachita kuzizira."

Gulo anagona chafufumimba, nayika khutu pansi pafupi ndi tako la Mvuu. Kenaka ananunkhiza, fwe fwe.

"Ukutani iwe?"

"Palibe, wawa."

"Nena!"

"Pansi panupa pakununkhira mondokwa. Nzimbenso. Kodi zakudya za masiku onse mwatsekerawa zikupita kuti? Zaunjikana m'menemu. Tamverani, Mawa akutafuna yekha."

Mvuu anatchera khutu. Pansi panali phokosodi, masiku akukankhana.

"Akudya zanga?"

"Musadzuke, wawa, ufumu ungathe. Inu pitirizani maungu. Ine ndine wochepa, ndingolowa pakampata aka, ndikakulawireni."

"Ulawe iwe, mwini wake ndili pompano? Choka apo! Ndingopendeketsa tako limodzi, ndisuzumire."

"Musatero, wawa."

"Mfumu ndani pano?"

Anapendeka.

Phuu! Masiku onse anatulukira pamodzi ngati njuchi. Mvula, chisanu, dzuwa la mwezi wa khumi, mvula ina, zonse piringupiringu. Mvuu anaponyedwa m'mwamba, nagwa, nagubuduka, gubudu gubudu, mpaka mumtsinje, chubwi!

Fumbi litatha, nyama zinatsetserekera kumtsinje. Mitu inali itatseguka, malonjezo onse zinawakumbukira.

"A Mvuu," anakuwa Nguluwe, "mawa aja ndi ano. Dimba lija lili kuti? Nanga maungu athu?"

Mvuu anayang'ana uku, anayang'ana uko, namira, n'kusiya mphuno zokha kunja. Mpaka lero ali momwemo.

Gulo anathamangira kwawo. Patsinde pa msuku anapeza agulo asanu akuluakulu atakhala pamzere. Masiku aja, podutsa mothamanga, anali atawalera kale.

"Mukufuna ndani, agogo?" anafunsa wamkulu.

Nasimango anatuluka, khungu lili makwinya okhaokha. "Bambo, munali kuti nthawi yonseyi? Ana ndalera ndekha."

Gulo anatsegula pakamwa kuti afotokoze. Anayang'ana ana ake, amene sanawaone akuswa, sanawaone akuphunzira kukwera mtengo. Anatsekanso pakamwa.

"Ndinapita kukatenga mawa, mayi."

"Ndiye mwabwera nawo?"

"Ndabwera nawo."

"Basi lowani, mudye."

Nyama zinasankha mfumu ina, ndipo palibe anamuthokoza Gulo. Iye sanadandaule. Koma kuyambira pamenepo, kukacha amakwera pamtengo, amaliyang'anitsitsa tsiku, ndipo akaona kuti n'lachilendo amagwedeza mutu, kulivomera.

Nthano yanga yathera pompa, kaphuleni mbatata zisanapserere. Koma wina akadzakuuzani kuti mawa, mawa, musamuyang'ane pakamwa. Muzungulire kumbuyo, muone chimene wakhalira.