Mapewa a Lufeyo

Panali munthu wina, mayi wosoka zovala, dzina lake Nachisale. Anakhala zaka zoposa makumi awiri pakhonde la sitolo ina paboma, akupondaponda makina ake kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka. Sukulu analekezera sitandade faifi. Koma diso lake, abale! Munthu akamatulukira pakona, Nachisale ankakhala atamuyeza kale, khosi, mapewa, chiuno, zonse. Tepi ankangoikoloweka m'khosi kuti makasitomala asamati wawasokera mongoganizira.

Chaka china analandira kalata yomuitana kukhoti. Masiku amenewo mlandu wakupha ukafika kukhoti lalikulu, ankasankha anthu wamba khumi ndi awiri kuti amve umboni wonse, kenako alowe m'chipinda paokha n'kugamula ngati munthuyo wapalamula kapena ayi. Jaji ankadikira mawu awo kuti apereke chilango. Nzeru yake inali yabwino ndithu, chifukwa mutu umodzi susenza denga. Nachisale anavundikira makina ake ndi chitenje, napita.

Woimbidwa mlandu anali Lufeyo, wocheka matabwa. Ankati wapha mnansi wake amene ankakangana naye malire a dimba. Mtembo unapezeka m'bango m'mbali mwa mtsinje, ndipo chapafupi panali malaya amizeremizere, magazi ataumirapo. Mboni ina inalumbira kuti inali tsidya lina la mtsinjewo, ndipo inaona Lufeyo atavala malaya omwewo akutsetserekera kumadimba. Lufeyo anati tsikulo anali kunkhalango akucheka, anthu anamuona kumeneko masana, ndipo malayawo sawadziwa. Loya wake anali atakumana naye koyamba m'mawa womwewo. Ankachita kusuzumira papepala kuti akumbuke dzina la munthu amene akumuimirira.

Tsiku lachiwiri wapolisi anatulutsa malaya aja m'jumbo, nawatambasula kuti onse aone. Ena anaona magazi n'kugwira pakamwa. Nachisale anaona mapewa. Diso linagwira ntchito yake asanalitume: mainchesi khumi ndi asanu, osapitirira. Anatembenukira kwa Lufeyo, chimunthu chokoka sowo kuyambira chili mnyamata, ndipo anapeza mainchesi makumi awiri. Anayang'ananso malayawo. Msoko wa m'khwapa unali bwinobwino, mabatani onse ali m'malo mwake. Munthu uyu akanati awakakamize, akanang'ambika asanatulutse n'komwe mkono wachiwiri.

Anadziuza kuti akakalowa m'chipinda muja akanena.

Umboni utatha, jaji anawalangiza momveka bwino. Anati ngati mumtima mwatsala chikayiko chenicheni, munthuyo ayenera kumasulidwa, ndipo aliyense anene zimene iye mwini waona. Anawalowetsa m'chipinda, chitseko chinatsekedwa.

Ntchito yoyamba inali kusankha wapampando. Imeneyo sinavute. Pagulupo panali a Kamtedza, mphunzitsi wamkulu wopuma ntchito, a imvi, a magalasi, a jekete la mabatani atatu. Onse analoza iwo. A Kamtedza atakhala pampando anafunsa kuti ayambe ndani kulankhula. Ndiye bambo wina, mwaulemu wake wonse, anati zingakhale zamwano kuti ana ayambe akulu alipo. Onse anavomera. Kwathu kuno madzi osamba m'manja amayambira kwa wamkulu, ndipo iwo anaona ngati mlandu wa munthu nawonso uyende momwemo.

A Kamtedza anatsokomola pang'ono. Anayang'ana nkhope imodziimodzi kuzungulira tebulo, nati: "Monga mmene tonse taonera, umboni ukumuloza mnyamatayu. Kukangana anakangana, malaya apezeka, mboni yamuona. Ine ndikuti wapalamula. Koma tiyeni timve kwa anzathu."

Anzathu ake ati? Wachiwiri anati alibe choonjezera, akulu anena kale. Wachitatu anati iye aponda momwe aponda a Kamtedza. Wachinayi anangogwedeza mutu. Panali bambo wina wakabaza amene anatsegula pakamwa ngati ali nazo, koma ataona kuti anayi anena chimodzi, naye anavomera. Panali mayi wina mlimi amene anayang'ana pansi nthawi yaitali, kenako anati, "Chomwecho." Mawu anayenda kuzungulira tebulo ngati mbale ya chopereka, aliyense akuponyamo kofanana ndi ka mnzake.

Nachisale anakhala wachikhumi ndi chimodzi. Pamene wachitatu ankalankhula, mawu ake anali okonzeka pakamwa. Pofika wachisanu ndi chimodzi, anayamba kudzifunsa mafunso. Kodi mphunzitsi wamkulu angalephere kuona chimene telala wa sitandade faifi waona? Nanga enawa pagulupa, kalaliki wa taye ndi mayi wa kuchipatala? Mwina anaona, koma akudziwa kuti m'malamulo mapewa sawerengedwa. Mwina akanena amuseka, ati amayi, kuno si kukhonde kwanu. Pofika wachikhumi, anali atayamba kukayikira diso lake lomwe, diso limene silinamunamizepo zaka makumi awiri.

"Nanga inu mayi?" anafunsa a Kamtedza.

Nachisale anagwira m'khosi momwe mumakhala tepi. Munalibe, anali ataisiya kunyumba.

"Nanenso chimodzimodzi," anatero.

Womaliza anavomera asanafunsidwe n'komwe. Zonsezi zinatenga nthawi yochepa kuposa imene Nachisale amatenga kupinda mpendero wa siketi. Ndikamaiganiza nkhani imeneyi ine mtima umandiwawa, ndipo ndimapsa nayo mtima. Boma linatuma makalata khumi ndi awiri. Linasonkhanitsa mitu khumi ndi iwiri kuti isenze denga, koma mitu khumi ndi umodzi inangobwera kudzakhala pamthunzi.

Anabwerera m'khoti, a Kamtedza ananena chigamulo, jaji anapereka chilango cha moyo wonse kundende. Lufeyo sanakuwe. Anangoyang'ana anthu khumi ndi awiri aja, kenako apolisi anamutulutsa. Pabenchi yakutsogolo mayi wina anatseka kukamwa ndi chitenje, anthu n'kumugwirira.

Masana omwewo kunagwa mvula. Anayi a gulu lija anapezeka atausa pakhonde limodzi padepoti: Nachisale, wakabaza uja, mayi mlimi uja, ndi a Kamtedza. Kenako wakabaza anayamba, monong'ona ngati akuba. Anati chinthu chimodzi chokha chinamuvuta: njira ya kunkhalango ija amaidziwa, waipalasa kambirimbiri, ndipo munthu amene anaoneka kumeneko masana sangafike kumadimba aja pa nthawi imene mboni inanena, ngakhale atakwera njinga. Mayi mlimi anatembenuka msangamsanga. Anati iyenso zinamudabwitsa, chifukwa mwezi umenewo chimanga cha m'mbali mwa mtsinje chimakhala chitapitirira munthu, ndiye mboniyo inaona bwanji mizere ya malaya ili tsidya lina? Pamenepo Nachisale ananena za mapewa. Ananena zonse, mainchesi, msoko wa m'khwapa, mabatani, mosadodoma ngakhale pang'ono. Padepoti mawu anatuluka bwinobwino.

Onse atatu anayang'ana a Kamtedza. Mkuluyo anavula magalasi, nayamba kuwapukuta ndi mpango ngakhale anali osada.

"Inetu ndinali wokayika kuyambira dzulo," anatero. "Mboni ija sinandikhutiritse. Koma pamene wapolisi ankalankhula ndinakuonani nonse mukugwedeza mitu. Ndinati anthu onsewa atsimikiza, nanga ine ndikhale nkhalamba yovuta?"

"Kugwedeza kuja?" anatero mayi mlimi. "Abambo, munthu akamalankhula ndiye tizingomuyang'ana ngati chitsa? Timagwedeza kuti adziwe kuti tikumva."

Mwamva zimenezo? Iwo ankatsatira mkulu, mkulu ankatsatira iwo. Panalibe woipa mtima pakati pawo, panalibe wodya chiphuphu, panalibe wodana ndi Lufeyo. Onse anali anthu aulemu, oleredwa bwino. Ulemu wokhawokhawo ndi umene unatsekera munthu m'ndende.

Nachisale anati abwerere akauze jaji. Wakabaza anati jaji wanyamuka kale, galimoto yake waiona ikutuluka. Mayi mlimi anati nanga akawafunsa chifukwa chimene sananenere m'chipinda muja, akayankha chiyani? Mwina akawamanga iwowo. A Kamtedza anavala magalasi awo n'kunena kuti madzi akatayika saoleka, zotsalazo n'za maloya. Minibasi inafika, kondakitala akuitanira kuti kwatsala malo awiri. Aliyense anapeza chifukwa chofulumirira kwawo. Nachisale naye anabwerera kukhonde kwake, navundukula makina.

Miyezi inapita, mvula inatha, anthu anakolola. Tsiku lina m'mawa kunabwera mayi wina ndi kamtolo, nakhala pansi pafupi ndi makina. Atapatsana moni, anamasula kamtoloko. Munali malaya aamuna atatu, ochapa bwino, opindidwa mosamala. Anapempha kuti awadule akhale a ana, poti mwini wake sadzawavalanso. Nachisale anapepesa, akuyesa kuti ndi maliro. Mayiyo anati ayi, ali moyo, kungoti kumene aliko amavala zaboma.

Nachisale anatambasula malaya amodzi patebulo. Diso linamuuza, koma ulendo uno anatsitsa tepi m'khosi n'kuyeza ndithu, phewa ili mpaka phewa ilo. Mainchesi makumi awiri. Anadzutsa mutu, ndipo anaizindikira nkhope ija ya pabenchi yakutsogolo. Mayiyo sanamuzindikire. Tsiku lija maso ake anali pa mwamuna wake yekha.

"Mutuluka angati m'menemu?" anafunsa mayiyo.

"Awiri," anayankha Nachisale.

"Ndimadziwa. A Lufeyo ali choncho, mapewa ngati chitseko. Pakaunjika sankapeza owakwana, zonse tinkachita kusoketsa. Timalaya tija anationetsa kukhoti, sakanalowamo ngakhale mkono. Ine ndinkafuna kunena, koma ndani akanandifunsa?" Anasalaza kolala ndi dzanja. "Ankangosankha ophunzira okhaokha. Pagulu paja pakanakhala munthu ngati inu, amayi, wodziwa nsalu, bwenzi mutawauza."

Nachisale anatenga lumo. Kenako analibwezera patebulo osadula.

Tsono ndikutembenukira kwa inu mwakhala apanu. Ambiri a inu simudzaitanidwa kukhoti. Koma mumakhala m'makomiti, a tchalitchi, a sukulu, a m'mudzi, ndipo pakhomo panu pomwe mumakhala pansi kuweruza anthu. Ndakhala nanu pamisonkhano imeneyi ndipo ndatopa nanu. M'kati muli duu, "tagwirizana, tagwirizana," koma tikangotuluka, pansi pa mtengo paja, aliyense ali ndi nzeru zodzaza dengu. Zinali kuti nzeruzo pamene munthu ankazifuna?

Inu akuluakulu, mukapatsidwa mpando, sungani maganizo anu mpaka onse atalankhula. Yambani ndi uja wakhala kumapeto, uja akuyang'ana pansi, ndipo mutu wogwedezeka musauwerenge ngati wavomera. Inu enanu, ulemu sindikukuletsani. Gwadani, ombani m'manja, nenani kuti pepani akulu, kenako nenani chimene mwaona. Sanakuitaneni kuti mudzabwereze mawu a mnzanu, amenewo amveka kale. Anakuitanani chifukwa cha njira imene inu nokha munaipalasa, munda umene inu nokha munaulima, msoko umene inu nokha mumaudziwa. Mukaumeza m'chipindamo, mudzaunena padepoti, ndipo padepoti sipamasulidwa munthu.